Matimati a pa Bvumbwe si GMO ayi, nanga GMO yeniyeniyo ili pati ndipo ingatipweteke?

Sabata yatha ndimachokera ku Limbe kubwerera kuno ku Mulanje, minibasi itaima pa Bvumbwe paja ogulitsa amathamangira pa windo ndi mabeseni. Mayi wina amene ndinakhala naye mpando umodzi anatola limodzi mwa matimati aja, kulitembenuza, kulidina ndi chala, kenako nkubweza. Akuti "awa nde a GMO aja awa, taonani kukula kwake, olo masabata awiri saola, ndi amene akutipatsa khansa." Bambo wina kumbuyo nkulandira nkhani, kuti si matimati okha amayi, nkhuku zoyera zija nazo, chimanga chogula m'mapaketi nacho, nchifukwa chake anyamata a masiku ano mphamvu za m'nyumba alibe. Minibasi yonse kufa nako kuseka. Ine ndinangoti ziii poti ukayamba kuphunzitsa anthu mu minibasi umatsika utapanga adani, koma nkhaniyo inandikhala pamtima mpaka pa Chitakale.

Ntchito yanga ndi ya ulangizi wa zaulimi, ndipo funso la GMO ndimakumana nalo pafupipafupi, kumunda, kumaliro, pa gulu la WhatsApp la kumpingo. Nde lero ndati ndilembe bwinobwino zimene ndikanayankha mu minibasi muja.

Poyamba tichotse kaye zimene SI GMO, chifukwa mantha ambiri akugwera zinthu zosalakwa. Matimati akuluakulu olimba aja ndi a haibulidi kapena mitundu yosankhidwa bwino, anakwatitsa mitundu iwiri kuti mwana atenge kulimba kwa uyu ndi kubereka kwa uyo. Chimanga cha Kanyani, Mkango, Njovu, ma DK aja, MH18 amene makolo athu anamudziwa kalekale, zonsezi ndi haibulidi, mungu wa chimanga china kuugwetsera pa ndevu za chimanga china basi. Nkhuku zoyera zimakula masabata 6 chifukwa kwa zaka zambirimbiri akhala akusankha zokula msanga nkumaziswetsa, kuphatikiza chakudya chimene zimadya usana ndi usiku. Mbatata yofiira mkati ija, Kadyaubwerere, Chipika, Kaphulira, Anaakwanire, ndi yokwatitsa wamba. Chimanga cha olenji chokhala ndi vitamini A chimodzimodzi. Tiyi wa makatingi amene akatswiri a ku Mimosa amatulutsa, mango ndi mapeyala omezanitsa, palibe GMO apa. Kukula kwa chinthu kapena mtundu wake sikukuuzani kalikonse, GMO siioneka ndi maso, amaidziwa ku labu.

Nanga GMO nchiyani? Chamoyo chilichonse, chimanga, mbuzi, inu ndi ine, chili ndi malangizo olembedwa mkati mwa maselo ake, amene amati DNA. Tizigawo ta malangizowo pachizungu timatchedwa ndi dzina loti ukalitchula mwa Chichewa limamveka "majini", ndipo ndinaphunzira movutikira kuti liwu limeneli osalitchula pamsonkhano wa kumudzi, tsiku lina agogo ena anadzuka nkunena kuti "alangizi, mwati mu mbewumo aikamo majini?" ndipo msonkhano unathera pompo. Nde tingoti tizigawo ta malangizo. Pokwatitsa mbewu, malangizo masauzande amasakanikirana, iwe nkumadikira kuona chimene chituluke. Pa GMO akatswiri amatenga kachigawo kamodzi kapena tiwiri todziwika ntchito yake, nthawi zambiri kuchokera kwa chamoyo china chimene sichingakwatirane ndi mbewuyo, nkukalowetsa mu mbewu ku labu. Kusiyana kwake nkumeneko.

Chitsanzo chimene chikutikhudza ife ndi Bt. Mu dothi muli bakiteriya wina dzina lake Bacillus thuringiensis, mwachidule Bt, anamupeza koyamba ku Japan mu 1901 akupha mbozi za silika. Bakiteriya ameneyu amapanga puloteni yoti mbozi ikadya, matumbo ake amabooka nkufa. Alimi a ku France anayamba kupopera bakiteriyayu m'minda cha m'ma 1938, ndipo mpaka lero alimi amene amakana mankhwala a m'mafakitale amamugwiritsa ntchito. Chimene anachita akatswiri nkutenga malangizo opangira puloteni ija nkuwaika mu chimanga kapena thonje, kuti chomeracho chizipanga chokha. Kapuchi akaluma, wadya imfa yake.

Apa mpamene aliyense amandigwira pakamwa: "ngati chikupha mbozi, ine chindisiya bwanji?" Funso labwino kwambiri ndipo lili ndi yankho. Puloteni ija kuti igwire ntchito imafuna zinthu ziwiri. Imafuna m'mimba mopanda asidi, ngati mwa mbozi, kuti isungunuke nkudzuka. Kenako imafuna malo ake enieni okakamirapo pa khoma la matumbo, ngati kiyi ndi loko wake. M'mimba mwa munthu muli asidi waukali, puloteniyo ikafika imagayidwa ngati puloteni ya nyemba kapena usipa, ndipo maloko aja m'matumbo mwathu mulibe. Mbuzi, nkhuku, ng'ombe nazonso zilibe. Ngakhale tizilombo tomwe, si tonse timafa nayo, mtundu wa Bt wopha mbozi nsabwe za m'masamba suzikhudza, nchifukwa chake alimi a thonje la Bt amapoperabe nsabwe.

Ena amati DNA yachilendoyo ikalowa m'magazi nkukusintha, kapena kukutseka kubereka. Abale anga, chilichonse chimene munadya lero chinali ndi DNA, nsima, chisoso, nandolo, mbewa. Mwadya nkhuku moyo wanu wonse koma nthenga simunamere. Ndipo chondisangalatsa ine ndi ichi: mu 2015 akatswiri a ku Ghent ku Belgium pamodzi ndi a bungwe loona za mbatata la International Potato Center anayeza mitundu 291 ya mbatata yolimidwa, nkupeza kuti yonse ili ndi DNA ya bakiteriya wotchedwa Agrobacterium imene inalowa yokha kalekale, munthu asanaganize nkomwe za labu. Bakiteriya yemweyu ndi amene akatswiri amamutuma kulowetsa malangizo mu mbewu masiku ano. Kutanthauza kuti mbatata yootcha imene mumagula pa Luchenza ndi GMO ya chilengedwe. Za kusabereka zija palibe umboni, ku South Africa akhala akulima chimanga cha Bt kuyambira 1998, choyera chophikira nsima kuyambira 2001, panopa chimanga chawo chochuluka zedi ndi cha GMO, ndipo achimwene athu amene ali ku Joni akudya nsima yomweyo, imene kumeneko amati papa, tsiku ndi tsiku nkumabwera kuno pa Khirisimasi ndi ana.

Tsono kuno kwathu zili pati? Ambiri a ife tinamva liwu loti GMO nthawi ya njala ya 2002. Chimanga cha thandizo chochokera ku America chinali ndi GMO, ku Zambia pulezidenti Levy Mwanawasa anachikana nkuchitchula poizoni, ife kuno tinachilandira koma boma linati chigayidwe kaye kuti wina asachidzale. Anthu anadya. Chaka chomwecho cha 2002 Malawi inakhazikitsa lamulo loyang'anira zinthu zimenezi, Biosafety Act, nde munthu sangangobwera ndi mbewu ya GMO nkuyamba kugulitsa pa Limbuli. Mbewu ya GMO imene alimi wamba analoledwa kudzala, kuyambira 2019, ndi thonje la Bt, limene linayesedwa kaye kwa zaka ku Bunda, ndipo likulimidwa kumadera a thonje ngati Chikwawa ndi Balaka. Thonje sitidya, komabe ndinene chilungamo, njere zake amayengera mafuta ndipo zotsalira amadyetsa ziweto. Khobwe, chimanga ndi nthochi zakhala zikuyesedwa m'minda yotchingidwa ndi mpanda, yosaloledwa kutulutsa kanthu kunja. Nthochizo anayesera pa Bvumbwe pompa, pofuna mtundu wopirira matenda a chisaka, ndipo aliyense wa ku Thyolo, Masambanjati, Thekerani, amene anaona minda yake ya nthochi ikutha nkuyamba kugula nthochi zochokera ku Mozambique ndi Tanzania akudziwa chifukwa chake anthu akuvutikira kafukufuku ameneyu.

Komwe mungakumane ndi GMO pa mbale yanu ndi mu zinthu za mu shopu zochokera kunja, makamaka ku South Africa, ufa wa m'mapaketi, ma cornflakes, zakudya zina zokhala ndi soya. Tembenuzani paketi muwerenge, ambiri amalemba chifukwa lamulo la kwawo limawakakamiza. Mafuta ophikira oyengedwa bwino, olo achokere ku soya wa GMO, puloteni ndi DNA zimakhala zitachoka pafupifupi zonse poyenga paja. Ndipo pali GMO ina imene palibe amaidandaula: insulini amene odwala shuga amabaya, kuyambira 1982 amapangidwa ndi tizilombo tosinthidwa, katemera wa matenda a chiwindi a hepatitis B amene ana athu amalandira ku sikelo amachokera ku yisiti yosinthidwa.

Nde kodi zinayezedwa? Zakudya zimenezi zinayamba kugulitsidwa mu 1994 ku America, anali matimati otchedwa Flavr Savr (amene sanakhalitse nkomwe pamsika), ndipo kulima kwa minda ikuluikulu kunayamba 1996. Mu 2016 bungwe la akatswiri a sayansi ku America, National Academies of Sciences, linaunika kafukufuku woposa 900, komanso linachita chinthu chanzeru chosavuta kumva: linayerekeza America ndi Canada kumene anthu adya GMO kwa zaka 20, ndi Britain komanso maiko a kumadzulo kwa Europe kumene samadya kwenikweni. Khansa, matenda a impso, kunenepa, matenda a m'mimba, sanapeze kusiyana koti nkuloza GMO chala. A bungwe la zaumoyo pa dziko lonse la WHO nawo amanena kuti zakudya za GMO zimene zili pamsika wa dziko lonse zinadutsa mu kuunikidwa ndipo sizikuoneka kuti zingavulaze munthu, koma amatsindika kuti chilichonse chiziyezedwa pachokha. Mawu omalizawa ndi amene ine ndimagwira. GMO si chinthu chimodzi ayi, ndi njira yopangira zinthu. Kufunsa kuti "GMO ndi yabwino?" kuli ngati kufunsa kuti "mankhwala a kuchipatala ndi abwino?" Ati? Anayezedwa ndi ndani?

Chifukwa zolakwika zinachitikapo ndithu, sindibisa. Kampani ina inafuna kuwonjezera thanzi la soya wa ziweto poikamo malangizo ochokera ku mtedza wina wa ku Brazil. Pali anthu amene mtedza umenewu umawawenga koopsa, monga mmene ena nkhumba kapena mlamba zimawatulutsira ziwengo, ndipo poyeza mu 1996 anapeza kuti chowengacho chasamukira mu soya uja. Soyayo sanafike pamsika. Mu 2000 ku America chimanga china chotchedwa StarLink, chololedwa kudyetsa ziweto zokha, chinapezeka mu zakudya za anthu, anachita kuchotsa katundu m'mashopu, ngakhale pofufuza sanapeze munthu amene chinamuwengadi. Nkhani yoyambayo ikusonyeza kuti kuyeza kumagwira ntchito. Yachiwiriyo ikusonyeza kuti chimanga chikangotuluka simungachiuze kopita, ndipo ife a kuno, ndi malire a pa Muloza pamene matumba amaoloka pa njinga usiku ndi usana, tikudziwa bwino zimenezo.

Zithunzi za makoswe otupa zimene zimazungulira pa foni zija, zinachokera ku kafukufuku wa Mfalansa wina, Séralini, wa 2012. Magazini imene inasindikiza inamuchotsa mu 2013, chifukwa gulu lililonse linali ndi makoswe 10 okha, ndipo mtundu wa makoswe umenewo ukakalamba umatuluka zotupa wokha olo uziudyetsa zabwino bwanji. Magazini ina inadzasindikizanso, koma maiko a ku Europe atalipira kafukufuku wina wamkulu kuti aone ngati nzoona, zotupa zobwera ndi chimangacho sanazipeze. Zithunzizo nde zikuyendabe, chithunzi sichikalamba.

Nkhawa zanga ine zili pena. Pali mbewu za GMO zopangidwa kuti zisafe ukapopera mankhwala opha udzu a glyphosate, amene ambiri timangoti Roundup. Mu 2015 nthambi ya WHO yofufuza za khansa inati mankhwalawa mwina angayambitse khansa, pamene mabungwe oona za chakudya ku Europe ndi America anati pa mlingo umene umapezeka mu chakudya palibe choopsa. Mkanganowo ukadalipo. Koma taonani, ife GMO yotero sitinadzale nkomwe koma mankhwalawo tikupopera kale, ndipo ndimaona ndi maso anga mnyamata atabereka sipuleya yodontha kumsana, malaya atavula, phazi lili pansi popanda jombo, akusakaniza ndi dzanja, akamaliza nkukatsuka sipuleyayo pa mtsinje pamene amayi akutunga madzi mmunsi mwake. Botolo lija nkudzasungiramo mchere. Amene ali pa ngozi ndi wopoperayo kuposa wodya nsimayo. Chimodzimodzi matimati aja mayi wa mu minibasi amawaopa: choti afunse si GMO ayi, koma kuti anapopera liti, poti alipo alimi amene amapopera lero mawa nkuthyola, osadikira masiku olembedwa pa botolo. Tsukani matimati, abale.

Kwina ndi kwa thumba. Mbewu za GMO zili m'manja mwa makampani ochepa ndipo nzodula, uyenera kugula chaka ndi chaka. Zoti mbewuzo sizimeranso ukabwereza si zoona, luso lotseka mbewu linapangidwadi koma silinagulitsidwepo, chimene chimachitika nchomwe mukudziwa kale ndi haibulidi, chibwereza chimatsika mphamvu. Ku Burkina Faso analima thonje la Bt nkulisiya mu 2016 chifukwa ulusi wake unali waufupi, ogula amatsitsa mtengo. Ku South Africa kapuchi anazolowera Bt yoyamba ija pasanathe zaka 10, mwa zina chifukwa alimi sankasiya mizere ya chimanga wamba pambali monga malangizo amanenera. Komanso mungu umauluka, nde kwa ife a minda ya theka la ekala yogundana ndi ya aneba, tsiku limene chimanga cha GMO chidzaloledwe tidzafunika kukambirana za chimanga chathu cha makolo, chokonoka bwino chosafumbwa msanga chija. Izi ndi nkhawa zenizeni, koma ndi za ulimi ndi ndalama, osati zoti nsima ikupha.

Mbali inayi nayo tisaiwale. Kuyambira pamene ntchemberezandonda zachilendo zija zinalowa, mpaka boma kulengeza za ngozi mu Disembala 2017, ndaona anthu akuthira chilichonse pa nsonga ya chimanga, sopo wa ufa, phulusa, msuzi wa usipa, mankhwala a thonje ogula pa msika m'timabotolo topanda dzina. Ngati chimanga chodziteteza chokha chingachepetse zimenezi, chimenecho ndi phindu pa thanzi, ndipo poyeza tiyenera kuika zonse pa sikelo.

Komanso tisamanamizane kuti chachilengedwe chilichonse ndi chabwino. Ife a kuno tikudziwa kalongonda. Ndani angadye kalongonda wophika ola limodzi? Anganga amamuphika tsiku lonse, kutaya madzi, kuthiranso ena, chifukwa akudziwa kuti ukafupikitsa anthu azungulira mutu ndi kusanza nyumba yonse. Chinangwa chowawa chili ndi poizoni wa cyanide, nchifukwa chake timachiviika masiku. Palibe labu inaika zimenezo.

Ndipo poizoni amene ine amandisowetsa tulo ali mu nkhokwe zathu zomwe, dzina lake chuku. Chimanga kapena mtedza zikasungidwa zisanaume, kapena zikabooledwa ndi mbozi kumunda, nkhungu imalowa nkupanga poizoni wotchedwa aflatoxin. Ameneyu nde palibe mkangano, amayambitsa khansa ya chiwindi, makamaka kwa munthu amene ali kale ndi hepatitis B, ndipo amagwirizana ndi kupinimbira kwa ana. Kuphika sikumupha. Mu 2004 kum'mawa kwa Kenya anthu 125 anamwalira atadya chimanga cholima okha chimene chinasungidwa chonyowa. Pali mnzake fumonisin, amene akatswiri amamukayikira pa khansa ya kummero, khansa imene Malawi ili m'gulu la maiko otsogola dziko lonse. Chodabwitsa nchoti chimanga cha Bt, poti mbozi sizichiboola kwambiri, kawirikawiri chimapezeka ndi fumonisin wochepa kuposa chinzake.

Kuno ndi chiperoni chathuchi, mwezi wa Juni dzuwa osaoneka masiku anayi, kuumitsa chimanga ndi nkhondo. Chaka cha Freddy, 2023, ndinafika pakhomo pena kutsidya kwa Ruo ndinapeza mayi akusankha chimanga pa mphasa, chabwino uku, chakuda ndi chobiriwira uko. Ndinati mwachita bwino amayi, nanga choolachi mutaya? Akuti "aaa alangizi, kutaya chakudya? ichi nchopangira mowa, china tigayitsa cha nkhuku, madeya apita kwa ng'ombe." Ndinakhala pansi nkuwafotokozera kuti poizoniyo mu mowa wa masese amatsalamo, ndipo ng'ombe ikadya amatulukira mu mkaka umene mwana amwe mawa. Anandiyang'ana nthawi yaitali, kenako anatuma mdzukulu kukatenga khasu. Tinakumba dzenje kuseri kwa khola nkukwirira ndowa ziwiri, chotsalacho tinayanika pa lona osati pa dothi, ndinawauza kuti akalume njere, ikapanda kulira kuti "khe" asathire m'thumba, ndipo akakonole kaye asanagayitse chifukwa poizoni wambiri amachoka ndi gaga. Pondiperekeza anandifunsa ngati ufa wa thandizo umene analandira sabata imeneyo unali wa GMO, poti aneba anawauza kuti asapatse ana. Ndinati apatseni ana phala amayi.